Sapweteka, Mkazi wa Womasulira Mafilimu

Dzina lakuti Sapweteka anamupatsa ndi makasitomala. Oluka tsitsi ambiri amakoka ngati akuzula thengo, munthu n'kutuluka mu saluni nsidze zitakwera pamphumi, kukafika kunyumba n'kugona chokhala. Iye ayi. Ankaluka mwakuti ana ankagona tulo pamiyendo pake, ndipo azimayi ankalolera kuuma pabenchi mpaka dzuwa kupendeka kusiyana n'kupereka mutu kwa wina. Saluniyo inali ya Madamu, mayi wa mawu aakulu amene ankagwira ntchito ndi pakamwa kuposa manja, koma ngakhale iwo ankadziwa kuti anthu amabwerera zinthu ziwiri, zala za Sapweteka ndi kanema.

Kanemayo anali pashelefu, pamwamba pa galasi lalikulu long'aluka pakona, pakati pa mapaketi a meshi yolukira tsitsi ndi mabotolo a mafuta. Kuyambira potsekula mpaka potseka ankaonetsa mafilimu a chikondi, aja a magawo osatha, a anthu a kutali okhala m'nyumba zosanja, amene amalira misozi yokhayokha yopanda mamina. Chilankhulo chawo panalibe ankachimva. Chimene chinkamveka ndi liwu la mwamuna mmodzi wolankhulira onse: mnyamata, mtsikana, apongozi ankhanza, ngakhale galu akauwa ankamuikira mawu. Tauni yonse inkamudziwa kuti Kamwauchi. Kunyumba anali mwamuna wa Sapweteka.

Tsono apa ndi pamene chilengedwe chinachita nthabwala, pakuti Kamwauchi anali wachibwibwi. Osati chibwibwi chongopunthwa apo ndi apo, koma chija chotseka pakhosi, maso n'kutuzuka, phazi likumenya pansi, liwu osatuluka. Atsikana amene ankamusaka kuti aone mwini liwu lija ankabwerako atagwa ulesi, chifukwa ankapeza kamunthu koonda, kadazi, koyankha ndi mutu. Koma akalowa m'kachipinda kake kuseri kwa nyumba, kamene makoma ake anamata matileyi a mazira ndi zidutswa za matiresi kuti phokoso lisalowe, akavala mahedifoni n'kuyandikira maiki, mawu ankangoyenderera ngati madzi a pampopi. Malinga akulankhulira wina, lilime linali lake. Akati anene zake, linkamukana.

Anakumana Sapweteka akadali wophunzira ntchito, wosesa tsitsi ndi kuchapa matawulo. Kamwauchi nthawi imeneyo anali wokonza mawailesi, ndipo anabwera kudzakonza kanema wa mu saluni. Atatsekula kumbuyo kwake anatembenuka.

"Ndikuf-f-f..."

"Mukufuna chingwe?" anafunsa mtsikanayo.

Anavomera ndi mutu. Tsiku lina anabweranso, kanema ali bwinobwino, iye thukuta lili kamukamu.

"Ndikuf-f-f..."

"Mukufuna ine?" anatero Sapweteka mongocheza, kuti anzake aseke.

Munthu uja anavomeranso ndi mutu, osaseka. Ukwati wawo unayambira pamenepo, ndipo unayenda chomwecho zaka zonse, mwamuna kuyamba liwu, mkazi kumaliza. Kuchipatala, kwa eni nyumba, kusukulu kwa mwana wawo wamkazi, Sapweteka ankalowa msanga pakati mawu asanamuchititse manyazi mwamuna wake pa anthu. Sapweteka ankazitenga ngati kumulandira katundu.

Kunena zoona, Kamwauchi sankamasulira. M'munsi mwa chithunzi munkadutsa timawu ta chizungu tofotokoza zimene anthuwo akunena, koma tinkathamanga, ndipo iye analibe nato ntchito. Ankangoyang'ana nkhope n'kuzipatsa mawu a m'mutu mwake. Ndipo m'mutu mwa munthu mumakhala za kunyumba kwake.

Sapweteka anazitulukira chifukwa cha bulauzi. Anaipeza itapsa ndi ayironi pamsana, ndipo atafunsa, mwamuna wake analoza soketi, kusonyeza kuti ndi magetsi. Patapita masiku, ali mkati moluka, pa kanema panaoneka mnyamata wa suti atagwada pamvula, akulira patsogolo pa mtsikana wa diresi lalitali. Liwu la Kamwauchi linati, "Ndikhululukire, wokondedwa wanga. Bulauzi ija ndinawotcha ndine, magetsi ndinangowanamizira."

Saluni yonse inafa nacho chiseko.

"Bodza!" anakuwa Aphunzitsi, mayi wopuma ntchito amene ankabwera ngakhale tsitsi lili bwino, ndipo ankatha kuwerenga timawu ta m'munsi tija. "Apa akunena za kampani ya bambo ake. Za bulauzi zachokera kuti?"

"Aphunzitsi, ngati mukufuna zoona kamvereni nkhani pa wailesi," anayankha Madamu. "Ife tisiyireni bodza lathu."

Sapweteka anaseka nawo, koma anadziwa kuti bulauziyo ndi yake ija. Madzulo anafika kunyumba. Anangodutsa kumbuyo kwa mpando wa mwamuna wake n'kumusisita padazi, iye n'kuwerama ngati mwana amene wakhululukidwa.

Kuchokera pamenepo anayamba kumvetsera mafilimu ndi khutu lina. Akakangana kunyumba, ankadziwa kuti kupepesa kubwera m'gawo la sabata yamawa. Akasoka diresi latsopano mwamuna wake osanenapo kanthu, ankakumana nalo likutamandidwa pakamwa pa mwana wa mfumu ya kutali. Chaka chimene anapita padera, Kamwauchi anakhala pabenchi ya chipatala tsiku lonse ngati chitsa, ndipo atabwerera kunyumba anangokhala duu, moti Sapweteka anaganiza kuti imfa ya mwanayo sinamukhudze. Sapweteka atayambiranso ntchito, tsiku lina pa kanema mwamuna anagwira mkazi wake phewa ali pakhonde la nyumba yosanja, n'kunena kuti, "Ukamalira ndimamva. Ndimangonamizira kugona chifukwa ndikati ndikutonthoze, mawu amandithawa. Naye mwana uja ndinali nditamupezera kale dzina." Azimayi analira osadziwa chimene chikuwaliza. Ngakhale Aphunzitsi tsiku limenelo sananene kuti bodza. Sapweteka anasiya mutu wa munthu uli theka, anakalowa kochapira matawulo n'kutsekula mpopi kuti asamveke.

Mu saluni nkhani ya chifukwa chimene anthu amakondera mafilimu amenewa sinkatha, makamaka magetsi akathima, pamene aliyense ankatsala ndi pakamwa pake.

"Ine kwathu bambo akati 'mayi', ndiye kuti akufuna sokosi," ankatero Madamu. "Ndiye mundiletse kumva mwamuna akuuza mkazi kuti maso ake ndi nyenyezi? Ngakhale akuuza wina, khutu ndi langa."

"Ine ndimalira pano kuti kunyumba ndisakalire," ankatero mkazi wa dalaivala, mtsikana wa mwana mmodzi amene mwamuna wake ankatha masabata ali pa msewu. "Kunyumba ukalira amakufunsa kuti chavuta n'chiyani, mlandu n'kuyambika. Pano ukalira amangokupatsa thawulo."

Aphunzitsi, ngakhale ankatsutsa gawo lililonse, sankaphonya ngakhale limodzi. Iwo ankati chimene chimawasangalatsa n'chakuti m'filimu woipa amalangidwa, pomwe kunjaku woipa amanenepa. Koma panali chifukwa china chimene palibe ankachitchula, ngakhale onse ankachidziwa. M'filimu mwamuna akachoka amabwerera. Angachedwe bwanji, angakwatire kwina, angaiwale dzina lake atachita ngozi ya galimoto, gawo lomaliza limamubweza pakhomo. Azimayi amene anadikirapo pakhomo lenileni amadziwa kukoma kwa kudikira kumene mathero ake ndi odziwika.

Akafunsidwa Sapweteka, ankangoti, "Ine ndimaonera poti kanema ali patsogolo panga." Sakanawauza kuti kwa iye siinali filimu. Kumeneko ndi kumene mwamuna wake ankalankhula naye, ndipo ankadziona wamwayi kuposa onse, popeza anzakewo ankabwereka mawu a eni pomwe iye ankalandira akeake.

Zaka zinapita, mwana anakula n'kukapeza ntchito ku tauni ina, ndipo m'nyumba munatsala anthu awiri ndi chete. Ndiye kunabwera filimu yatsopano, ya mwamuna wa pabanja amene mtima wake unayamba kutsetserekera kwa mkazi wina wa ku ntchito. Saluni inagawikana, ena mbali ya mkazi wa kunyumba, ena ochepa opanda manyazi mbali ya winayo. Sapweteka ankatenga yekha magawo atsopano pa fulashi, kachipangizo kosungira mafilimu, ku shopu ya mafilimu, kumene mwamuna wake ankagulitsa ntchito yake. Pa shopupo pankakhala mayi wina wofatsa, wamasiye, amene ankaseka ataphimba pakamwa chifukwa dzino lake lakutsogolo linali lobenthuka.

Tsiku lina masana, akuluka mkazi wa dalaivala, mwamuna wa m'filimu anatsala awiri mu ofesi ndi mkazi wa ku ntchito uja. Mkaziyo anali ndi mano oyera ondondozana ngati a pa chikwangwani cha mankhwala otsukira mano. Liwu la Kamwauchi linatsika, linafewa, linati, "Chotsa dzanja pakamwapo. Dzino lako lobenthukalo ndi limene linandigwetsa."

"Lobenthuka liti?" anaseka Madamu. "Amuna anuwa maso ayamba kuvuta, a Sapweteka. Muwagulire magalasi."

Sapweteka sanaseke. Zala zinapitiriza zokha, chifukwa zala za woluka sizidikira mutu. Ndiye liwu lija linawonjezera mawu amene anamulasa kuposa dzino.

"Iwe umandidikira. Ndikayamba kulankhula umakhala chete mpaka ndimalize ndekha."

Zikanakhala za dzino zokha, mwina akanati ndi kupusa kwa amuna akamakula, kumene kumabwera n'kupita ngati chimfine. Koma izi zinali zina. Chinthu chimene iye ankachiyesa chikondi chake chachikulu, kulandira mawu pakamwa pa mwamuna wake asanagwe, mwiniwakeyo ankachimva ngati kulandidwa. Zaka zonsezo munthu ankafuna kumaliza yekha liwu limodzi m'nyumba mwake, ndipo anakalimalizira pa shopu. Zinamupweteka kwambiri Sapweteka, ndipo chopweteka koposa chinali chakuti sanathe kunena kuti ndi bodza.

Anadikira Lamlungu masana. Anamupeza m'kachipinda kake, chitseko chili chotsekula, akupukuta maiki ndi kansalu.

"Bambo, dzino lobenthuka lija ndi la ndani?"

Kamwauchi anaika maiki pansi. Sanayese kudabwa. Anaimirira, manja ali lende, n'kutsekula pakamwa. Sapweteka analumbira mumtima kuti lero, zivute zitani, samaliza.

"Mayi, ndikup-p-p..."

Phazi linayamba kumenya pansi. Mitsempha ya m'khosi inatuluka. Sapweteka analuma mlomo. Ankamva mpopi ukudontha panja, ndi wailesi ya oyandikana nawo ikuimba.

"Ndikup-p-p..."

Mawu awiri anaima patsogolo pake, ndikupepesa ndi ndikupita, ndipo onse ankayamba chimodzimodzi. Kale akanadziwa, pakuti ankawerenga nkhope imeneyo ngati chikhatho chake. Tsiku limenelo sanaone kanthu. Mantha anamugwira, mantha akuti liwu loipalo alimva likutuluka lathunthu pakamwa pa munthu amene sanamalizepo liwu lililonse pamaso pake. Anaona kuti kuli bwino adzibaye yekha.

"Mukupita," anatero.

Pakamwa pa Kamwauchi panatsekeka. Anamuyang'ana nthawi yaitali, osavomera ndi mutu, osakananso. Kenako anazula mawaya a kompyuta n'kuyamba kuwakulunga limodzilimodzi, pang'onopang'ono, ngati munthu amene akupereka mpata woti aletsedwe. Sapweteka anaima pachitseko, lilime litamuuma, ndipo kwa nthawi yoyamba anadziwa mmene mwamuna wake ankamvera. Amati mbewa ya manyazi inafera kuuna, koma muuna umenewu mbewa zinali ziwiri. Kamwauchi anaika zonse m'katoni, anasenza, anatuluka pageti.

Mbiri inamveka kuti akugona kuseri kwa shopu ya mafilimu, kumene anakonza kachipinda kena kojambulira mawu. Ena ankati mayi wamasiye uja amamuphikira, ena ankati amangomubwereka malo. Mwana wawo anaimba foni akulira.

"Amayi, bwanji osangopita kukawafunsa kuti amafuna kunena chiyani?"

"Ndikawafunse kuti ndikawamalizirenso?" anayankha Sapweteka. "Bambo ako ali ndi polankhulira pawo. Akafuna kundiuza, ndimva."

Choncho anadikira pa kanema. Fulashi tsopano ankakatenga ndi mkazi wa dalaivala, ndipo mu saluni aliyense ankanamizira kuti sakudziwa kanthu. Tsiku loyamba Madamu anatsitsa mawu a kanema mwachifundo, koma Sapweteka anati, "Kwezani, Madamu, makasitomala sakumva." Ankaluka khutu lili m'mwamba, akusefa chiganizo chilichonse ngati wosankha miyala mu mpunga. Ndipo ankapezamo kanthu. Gawo lina mwamuna wa m'filimu anaima pawindo la hotela n'kunena kuti, "Jekete langa likadali pamsomali kuseri kwa chitseko." Sapweteka atafika kunyumba analipezadi pamenepo. Analichapa, analisita, analibwezera pamsomali pomwepo. Gawo lina anati, "Kuno palibe amene akudziwa kuti tiyi ndimamwa atazizira." Sapweteka anayenda mopepuka sabata yonseyo. Koma gawo lotsatira dzino linabweranso, ndipo iye anagona osadya.

"Mapanga awiri avumbwitsa, bambo inu!" Madamu ankakalipira kanema mokweza, aliyense n'kudziwa amene akuuzidwa.

Tsiku la gawo lomaliza saluni inadzaza ngati minibasi. Ena anaima pakhomo, ena anasuzumira pawindo, ngakhale telala wa pafupi anasiya makina ake n'kubwera ndi tepi m'khosi. Sapweteka ankaluka Aphunzitsi, tsitsi la imvi lofewa lofuna kuleza mtima. Anali atavala diresi lija linatamandidwa ndi mwana wa mfumu, ngakhale linali litayamba kumuthina m'khwapa.

Mwamuna wa m'filimu anatsika galimoto, anakwera masitepe, anagogoda. Mkazi wake anatsekula. Mu saluni munangoti zii, ngakhale mwana amene ankalira anapatsidwa bere msanga. Mwamunayo anagwada, ndipo liwu la Kamwauchi linatuluka loyera, losalala, lokoma kuposa masiku onse.

"Ndabwerera, wokondedwa wanga. Ndinasochera, koma mtima wanga sunachoke pakhomo pano. Iwe ndiwe mpweya wanga, ndiwe kuwala kwa moyo wanga. Popanda iwe ndine nyumba yopanda denga. Ndilandire, ndipo sindidzakusiyanso mpaka imfa."

Anthu anakuwa, anawomba m'manja, Madamu anapukuta maso ndi thawulo la makasitomala. Mkazi wa dalaivala anadumpha n'kumukumbatira Sapweteka kumbuyo.

"Anti, mwamva? Akupepesa! Akubwera anthu aja, konzani m'nyumba!"

Mtima wa Sapweteka unanyamuka, koma unaima panjira. Iye ankadikira kapu, msomali, geti lolira, kanthu kalikonse kakang'ono ka m'nyumba mwawo kamene kakanamuuza kuti mawuwa ndi ake. Anamvetsera mpaka nyimbo yotsekera inayamba ndipo mayina anayamba kukwera. Munalibe. Mwamuna wake sanamutchulepo mpweya kapena kuwala. Munthu amene ankapepesa ndi bulauzi sakanabwera ndi denga.

Aphunzitsi anavula magalasi n'kuwapukuta ndi nsonga ya nsalu yofunda pamapewa.

"Lero ndiye ndilibe mawu," anatero mokhutira. "Liwu ndi liwu, ndendende mmene zalembedwera m'munsimu. Sanawonjezere, sanachotsere. Amuna anu aja tsopano aphunzira ntchito, a Sapweteka."

Ananena moyamikira, mayi wosalakwa, osadziwa kuti akulengeza maliro. Sapweteka anamvetsa zonse. Pojambula gawo limeneli, Kamwauchi anakhala pansi, anaimitsa chithunzi, anawerenga timawu tija timodzitimodzi n'kutinena monga tinalili, kuti pasapezeke liwu lake ngakhale limodzi. Sanamukane, sanamupepese. Anangotseka pamalo pokhapo pamene ankalankhulira naye, n'kumupatsa zimene ankapatsa tauni yonse. Chisoni chimene chinamugwira chinali choposa cha tsiku la katoni lija, chifukwa tsiku lija kunachoka munthu, koma lero kunachoka mawu.

Azimayi ankamuyang'ana ndi nkhope zowala, akudikira kuti asangalale nawo. Sanafune kuwaonongera filimu yawo. Anamwetulira, anati yatha bwino, n'kumaliza mizere imene inatsala kumbuyo kwa mutu wa Aphunzitsi.

Sabata yotsatira kunayamba filimu ina, liwu lomwe lija, mawu olongosoka okhaokha, ndipo anthu ena ankadandaula kuti Kamwauchi wasiya kuseketsa. Sapweteka anatulutsa mpando wake ndi kabasiketi ka zipeso n'kukakhala pakhonde, pamene phokoso la magalimoto ndi la makina a telala limaphimba zonse za mkati. Madamu atafunsa, iye anati mkatimo mukutentha. Madamu, amene sanasowepo chonena, sanafunsenso.

Mpaka lero amalukira pakhondepo, ndipo amene akufuna zala zake amayenera kusankha, tsitsi kapena filimu. Ambiri amasankha tsitsi, kenako n'kuthamangira mkati kukafunsa zimene zawadutsa. Iye za m'kati mwa nkhani safunsa. Koma tsiku la gawo lomaliza likafika, anthu akamatuluka akupukuta maso, amaimitsa mmodzi, meshi ili kukamwa.

"Wabwerera?"

"Wabwerera, anti. Anachita kugwada."

"Chabwino," amatero, n'kuweramitsa mutu wa amene akumuluka kuti aone bwino mzere.